Mwala Umene Unamwa Dzuwa la ku Glasgow

A Chimbalanga, mlendo amene tinamuona koyamba Lamulungu limenelo, anapempha chinthu chimodzi chokha: mpando wa pafupi ndi paipi yotentha ya pakhoma. Tinali titaweruka m'tchalitchi chathu ku Gorbals, mumzinda wa Glasgow, tikumwa tiyi m'holo, ndipo wothira tiyi ndinali ine. Powapatsa kapu ndinaona kuti avala majekete awiri, zala zikunjenjemera mpaka tiyi kutayikira pa thalauza. Anapisa m'thumba, nkutulutsa mwala woonekera ngati galasi, waukulu ngati mango, nkuukhazika pa paipipo.

"Madala, mukuphika mwala?" anafunsa a Phiri, oyendetsa basi. Anthu anaseka.

"Sekani," anatero mkuluyo. "Koma wokayika aliyense akhale pansi, asatuluke ndisanamalize. Mwala uwu ndinaukumba ndekha paphiri la Malosa ndili mnyamata, ndi chala ichi, khasu litathyoka. Ntchito yake ndi imodzi: umamwa kutentha, nkulavula magetsi. Ndinaudziwa tsiku limene ndinausiya pafupi ndi mbaula, makala nkuzizira ali chiyakire, ndipo wailesi ya malume, imene inalibe mabatire chikwatirire iwo, inayamba kuimba yokha osalekeza, mpaka tinakaikwirira kudambo, kumene achule anaphunzira nyimbo zonse ndi nkhani za m'Chichewa zomwe. Mukumva?

"Inu mukuganiza kuti Glasgow anali wozizira chonchi kale? Ana inu! Ine ndinapeza chinangwa m'mbali mwa mtsinje wa Clyde, mapapaya akugwa okha ku Shawlands, azungu atada ndi dzuwa kuposa ine. Anatiika ku Sighthill, m'nyumba zosanja zija anagwetsa, ine pamwamba penipeni pamene mbalame zinkafika zili wefuwefu. Tsiku lina lifiti inafa. Ndinati ayi, maondo angawa si a boma, ndinaika mwala pazenera, nkuumangirira waya wopachikira malaya, ndipo lifiti ija inanyamuka ndi ukali, kuboola denga, moti mayi wina amene anali m'menemo ndi zogula zake anakatsikira ku Edinburgh, dzira ngakhale limodzi osasweka. Ndikulumbira, mutu wanga uwu!

"Koma mwalawu ndi wadyera. Ndinauiwala pazenera popita kuntchito. Unamwa dzuwa la tsiku limenelo, la mawa lake, ndi la chaka chinacho lisanatuluke nkomwe, unamwa nthunzi ya m'maketulo, thukuta la osewera mpira, kutentha thupi kwa odwala mpaka madokotala anasowa chochita nkumasewera bawo, unamwa ngakhale mkwiyo wa apongozi anga, iwo ali ku Ntcheu, kudzera pafoni. Pobwera ndinapeza mapapaya auma, sinowo akugwa, mzinda wonse uli ngwee, amphaka akuwala kumchira. Kuzizira mukudandaulaku ndi kwanga. Mundikhululukire, sindinachitire dala.

"Chaka chimenecho nyumba yonse inkalira ndi chisanu, koma ine? Hitala yanga ndinapatsa mtsikana wa khomo loyandikana, anali atangofika kumene kuchokera kumudzi, ali ndi khanda lotsokomola. Ndikanaitani hitala ine mwini magetsi? Ndinkagona wopanda malaya, zenera lili pululu, thukuta kamukamu!"

Apa ndinaona Mayi Nyirenda, anamwino amene amatsogolera amayi athu, atasiya kupukuta makapu. Anaima, nsalu ili m'manja, akuwayang'anitsitsa mkuluyo.

"Nanga majekete awiriwa, mwini magetsi?" anatero a Phiri.

"Mwala wakalamba, wayamba kulusa. Wamwa boila yotenthetsa m'nyumba mwanga, sabata yonse ino ili zii, eni nyumba akungoti mawa, mawa. Nchifukwa chake ndabwera nawo kuno, udzadye kwa Mulungu, kumene kulibe mita."

Holo yonse inafa ndi phwete, ngakhale abusa. Mkuluyo anatola mwala wake, nkuufumbata ndi manja onse awiri, ndipo zala zija zinaleka kunjenjemera. Kumeneko kokha sikunali kunama. Koma ndinadziwa kuti pofika kunyumba mwalawo ukhala utazizira, ndipo panja madzi anali atayamba kale kuundana ndi chisanu m'misewu. A Phiri omwe aja anakulunga mandasi otsala m'pepala, nkuwalowetsa m'thumba la jekete la pamwamba la mkuluyo, akuyang'ana kumbali.

Mayi Nyirenda amanditenga pa galimoto yawo popeza timakhala msewu umodzi. Tsiku limenelo anati, "Bambo, tiyeni tikuperekezeni." Mkuluyo anakhala kutsogolo, ine kumbuyo. Titafika pakhomo pa mayiwo ku Shawlands anaima, nkulowa m'nyumba, nkutuluka atanyamula hitala yaikulu, yoyera, yooneka kuti sinathe chaka. Anaikhazika pamiyendo pa a Chimbalanga.

"Mwalawo ukapume, bambo. Iyi ndi ija munandibwereka ku Sighthill. Khanda lija lili ku yunivesite tsopano." Anamanga lamba wawo, nkuwonjeza motsitsa mawu, "Zenera pululu? Ine ndinkakumvani mukutsokomola kuseri kwa khoma mpaka chisanu chinatha."

A Chimbalanga anasisita hitala ija ngati mbuzi. Anapukuta m'maso, nkudandaula za mphepo, ngakhale mazenera onse anali otseka. Kenaka anatembenukira kwa ine.

"Mwana wanga, iwe ndiwe mboni. Ndinabwereketsa kakang'ono ngati buledi, kadzimbiri, ka mwendo umodzi. Taona mmene kakulira! Kanakhalapo pafupi ndi mwala umenewu, basi. Lamulungu ukawauze a Phiri."

Ndinavomera kuti ndikawauza. Mayi Nyirenda analiza galimoto, nkutembenuzira mpweya wotentha kumapazi a mkuluyo.