NaJapani wa M'galimoto Mwanga

Nkhani iyi kunyumba kwathu amaikamba ine ndikangotuluka, ndiye bola ndiikambe ndekha, manyazi ake ndisenze mwini wake.

Ndimakhala ku Luangwa, ku Kitwe, koma ntchito ndimagwira ku Ndola, ku Heavy Industrial, m'sitolo ya masipeya a mathiraki. Nditatopa ndi kupanikizana m'mabasi, ndinagula kagalimoto kogwirako kale ntchito kochokera ku Japan. Pa dashibodi pake panali kasikirini, ndipo mwini wake wakale anaiwalamo disiki. Mabatani onse anali a zilembo zawo za Chijapani zija. Ndinadina paliponse kuti disikiyo ituluke, koma m'malo motuluka inayamba kuonetsa filimu.

Inali filimu yakalekale, ya black and white. Munali mtsikana wosoka zovala m'kasitolo kakang'ono. Sankalankhula zambiri. Ankati akamwetulira, pakamwa pali chimwemwe koma maso akunena zina. Chijapani sindimva ngakhale moni, komabe zimene mtsikanayo ankabisa mumtima ndinkazimva. Kasikiriniko kankaonetsa pokhapokha galimoto itaima, choncho nthawi ya lunch ndinkakakhala m'galimoto kuseri kwa sitolo, magalasi otseka. Mtsikanayo ndinamupatsa dzina loti NaJapani.

Tsiku lina ba Mulenga, mnzanga wa pa kauntala, anandifunsa kumene ndinkasowera masana alionse. Ine munthu wa imvi, mkulu wa mpingo, ndinene kuti ndimakaonera filimu imene sindiimva? Ndinangoyankha moseka kuti ndimakacheza ndi NaJapani wanga. Anafunsa ngati ndi wokongola. Ndinati kukongola kwake n'kosowetsa mtendere, ndipo ubwino wake sandivutitsa. Ba Mulenga anangodabwa m'chilankhulo chakwawo kuti, "Awe mwandi," n'kubwerera ku ntchito.

Chimene sindinkadziwa n'chakuti mlamu wawo wa ba Mulenga ali ndi saluni ku Parklands, kwathu ku Kitwe, ndipo kumeneko ndi kumene akazi anga, amake Chisomo, amakakonzetsa tsitsi. Nkhani inayenda msewu wa ku Kitwe mofulumira kuposa kagalimoto kanga. Pofika ku saluni, NaJapani anali atasanduka nesi. Pofika ku kwaya ya amayi, anali ndi pakati.

Amake Chisomo sanakalipe. Anangoyamba kuona zinthu. Chakudya chimene ankandilongedzera chinkabwerera osatha. Pometa ndevu ndinkang'ung'uza kanyimbo kachilendo. Tsiku lina polandira kapu ya tiyi ndinawerama pang'ono, monga amachitira m'filimu muja. Atandifunsa kuti NaJapani ndi ndani, pakamwa panga panatuluka mawu opusa kwambiri pa moyo wanga wonse: "Mwamva kwa yani?"

Lamlungu lotsatira, pochokera ku tchalitchi, ndinapeza amalume anga a Gondwe, ankhoswe athu, atakhala pabalaza, chipewa chili pabondo. Anayambira kutali, kwa agogo athu amene anachoka ku Malawi kudzagwira ukalaliki ku migodi kuno n'kukhala ndi mkazi mmodzi mpaka kumanda. Atazungulira mokwanira, anafunsa kuti mkaziyo ali kuti.

"Ali panjapa," ndinatero. "M'galimoto."

Amake Chisomo anaimirira n'kumangitsa chitenje. Amalume anagwira pachifuwa, nati pa milandu yonse ya mabanja imene anakambapo, sanaonepo munthu wobwera naye mpaka pakhomo, tsiku la Sabata.

Tinatuluka tonse. Ndinawalowetsa m'galimoto, akazi anga kutsogolo, amalume kumbuyo, n'kuyatsa kasikirini kaja. NaJapani anatulukira akudula ulusi ndi mano. Ndinafotokoza zonse mutu uli pansi. Amalume anaseka mpaka kutsokomola, ndipo ine ndinkayesa mlandu watha.

Koma amake Chisomo sanaseke. Anajambula nkhopeyo ndi foni n'kuifufuza pa intaneti, monga amachitira akaona nsalu yowasangalatsa. Anawerenga kwa kanthawi, kenaka anandipatsira foniyo. Panali gogo wa tsitsi loyera ngati thonje, atagwira ndodo.

Ndinakana kuti gogoyo ndi NaJapani. Ndinati amenewo mwina ndi agogo ake a mtsikanayo, kufanana kumayenda m'magazi. Iwo sanatsutsane nane, anangoyamba kusuntha zithunzi ndi chala. Mtsikana wosoka uja. Kenaka mayi wobereka mwana. Kenaka mayi wa magalasi, wonenepako, akukalipira munthu mu ofesi. Kenaka wofedwa, atavala zakuda. Pomaliza gogo uja. Nkhope inkasintha, koma maso anali omwe aja. Akazi anga anawerenga mokweza kuti mayiyo anayamba za mafilimu asanafike zaka twenty, ine ndisanabadwe n'komwe, ndipo pano wapitirira eighty koma akugwirabe ntchito yomweyo.

Ndinayang'ana pa dashibodi, ndinayang'ana pa foni. Mtsikana wa pa dashibodi sankadziwa kuti adzakalamba. Gogo wa pa foni ankaoneka ngati wadziwa zonse ndipo alibe nazo dandaulo. Ndinaganiza za mtima umene munthu ayenera kukhala nawo kuti alole dziko lonse lione makwinya ake akubwera limodzi ndi limodzi, pamene enafe imvi yoyamba timaithamangira ndi utoto. Anthu anamuona ali mwana wa wina, kenaka mkazi wa wina, kenaka mayi, kenaka wosiyidwa yekha. Pa moyo wautali wonsewo, ine ndinangobenthulapo kachidutswa kamodzi n'kumakabwereza masana alionse.

Akazi anga analankhula motsitsa, osandiyang'ana.

"Bambo a Chisomo, kwawoko anthu amuonerera mayiyu kuyambira ali namwali mpaka wagwira ndodo, osatopa naye. Nanga ine munandiyang'anitsitsa komaliza liti?"

Ndinawayang'ana pamenepo, ndipo ndinaona imvi pafupi ndi khutu zimene sindinkadziwa kuti zinabwera liti. Ndinaonanso kuti nkhope yawo yaphwa, chifukwa masiku onse amene nkhaniyo inkayenda sankadya bwino. Ndinapepesa, ndipo kupepesa kumeneko kunachokera pansi penipeni. Iwo anangogwedeza mutu, koma dzanja lawo linabwera pabondo langa.

Amalume anakonza kukhosi kumbuyoko. Anati mbali imeneyo yatha bwino, koma panatsala munthu wina amene ndinamulakwira.

"Mayi awa ndi msinkhu wa amayi ako, iwe n'kumawatchula kuti wako pamaso pa anthu? Tsika ugwade."

Ndinkayesa akuseka, koma nkhope yawo inali youma ngati ya pa maliro. Ndinayang'ana akazi anga kuti andipulumutse. Iwo anali atatembenukira ku windo, mapewa akugwedezeka.

Ndinatsika. Ndinagwada pafumbi, mu suti yanga ya ku tchalitchi, chitseko cha galimoto chili chotsegula, n'kuyamba kuomba m'manja moloza dashibodi. NaJapani ankangosoka, osandilabadira.

Nthawi yomweyo mayi wina woyandikana nafe, amene amaimba m'kwaya ija, anasuzumira pampanda. Anayang'ana ine, anayang'ana galimoto, n'kufunsa amake Chisomo ngati ndayamba kupempherera injini.

"Ayi, akuthetsa chibwenzi," anatero akazi anga. "Mkazi mnzangayo ndi wachikulire, sangamusiye pa foni."

Mtima usanathamange, yamba wafunsa kuti chithunzicho anajambula liti.