Tsiku Limene Ndinasankha Mkazi Poyang'ana Mapazi

Mukadzafika pa Nsaru tsiku la msika n'kumva amayi ogulitsa tomato akuitana munthu kuti "a Mapazi", musadzavutike kufunsa kuti ndi ndani. Ndi ineyo. Dzinali ndinalitola pa chinkhoswe changa chomwe, pamaso pa midzi iwiri, ndipo poti aliyense akuifotokoza nkhaniyi mothira mchere wake, ndati bola ndiilembe ndekha.

Ine ndine mmisiri womanga nyumba, kwathu ndi ku Nambuma. Kumudzi kwa mkazi wanga, Nambewe, ndinapitako kukamanga chigafa cha fodya cha atsibweni ake, a Lufeyo. Inali ntchito ya masabata awiri. Chigafacho chinagwa kalekale koma ine ndikadali konko. Nambewe ndiye ankatibweretsera thobwa pa ntchitopo, kenako kunabwera mimba, ine n'kumanga kanyumba kuseri kwa nkhokwe, basi tinangolowana. Za ankhoswe tinkati tidzakonza tikagulitsa fodya. Tagulitsa fodya zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu.

Pa zaka zimenezi tabereka ana anayi, woyamba ndi Mphatso. Ndamanga nyumba ya njerwa zowotcha, ya malata, ndadzala mango ndi bulugama, zonsezo pamalo a mbumba ya kuchikazi. Ndipo musaganize kuti ndinali munthu wopanda mwambo. Apongozi anga, amayi ake a Nambewe, ndimawalemekeza mwa Chichewa chenicheni: tikakumana panjira ndimapatukira kutchire, akandiyankhula ndimayang'ana kumbali. (Tsiku lina ndinalowa m'chitedze powapatukira, ndinadzikanda mpaka Lachitatu.) Choncho mumtima mwanga ndinkadziona kuti ndine mkamwini wokwanira.

Chaka chatha Nambewe anadwala malungo aakulu mpaka kugonekedwa kuchipatala cha mishoni. Tsiku lachiwiri a namwino anatuluka pakhonde pamene tinakhala achibale n'kufunsa kuti, "Amuna awo a odwalawa ndi ati?"

Ndisanatsegule n'komwe pakamwa, a Lufeyo anayankha. "Mwamuna alibe. Awa ndi bambo wa ana, amangokhala nawo. Yankhulani ndi ine."

Sanayankhule mwaukali ayi, anangonena ngati akutchula tsiku la sabata. Ine ndinangobwerera pambali, fulasiki ya phala ili m'manja. Ndinachita manyazi, koma mantha ndiwo anakula. Ndinaona bwinobwino kuti Nambewe akanati atisiye, ine ndikanamangiridwa zida zanga pa njinga n'kuonetsedwa msewu wa ku Nambuma. Ana akanatsala, nyumba ikanatsala, ndipo panalibe munthu ndi mmodzi yemwe woti akandiyankhulire.

Mulungu ndi wabwino, Nambewe anachira. Sabata yotsatira ndinakaonana ndi mayi wina wodziwa malamulo amene amabwera pamsika kudzalangiza anthu.

"Lamulo silikukutayani, bambo," anatero mayiyo. "Anthu akakhala limodzi ngati banja zaka zisanu kapena kuposerapo, khoti likhoza kugamula kuti umenewo ndi ukwati. Koma mpaka khotilo ligamule, ndipo mudzafunika mboni. Mboni zanu ndi ndani?"

Ndinawerenga m'mutu anthu onse amene amadziwa za banja langa. Onse anali abale a mkazi wanga, ndipo wamkulu wawo anali a Lufeyo.

"Mwaona eti?" anatero. "Ndiye bwanji osangopeza ankhoswe akazi anu ali moyo? Ukwati wa mwambo wathu nawonso lamulo limauvomereza. Kukhoti mudzapita mukulira, pamene kuchinkhoswe mupita mukuvina."

Ndinachoka pamenepo nditamanga mtima. Ndinalumbira kuti dzinja lisanafike ndikhala ndili ndi ankhoswe, zivute zitani.

Ndinayambira kunyumba. Nambewe ndinamupeza akuswa mtedza pakhonde, ine n'kukhala pambali pake mwaulemu.

"Amake Mphatso, ndabwera kudzakufunsirani banja."

Anandiyang'ana, nayang'ana ana athu amene ankakangana pabwalo, nabwereranso pa mtedza wake. "Ndiganizire kaye," anatero.

Anaganizira masiku anayi. (Masiku onsewo ankandiphikira ndi kundichapira ngati kale, koma ndikafunsa ankati sanamalize kuganiza.) Tsiku lachisanu anavomera, n'kuwonjeza kuti pali ena amene ankamufunanso koma wangondimvera chisoni.

Kenako ndinapalasa njinga kupita ku Nambuma kwa atsibweni anga, a Sitefano. Atamva nkhaniyo anaseka mpaka kutsamwa, kenako anavala jekete n'kupita kukagogoda kwa a Lufeyo. Anabwerako ndi yankho lakuti kuchikazi avomera, koma palibe chidule. Zonse zichitike ngati mtsikanayo sanatulukepo m'nyumba ya amake: tambala, msoti, khasu, nkhwangwa, lichero, mpaka kubisa mkwatibwi.

Mwambo wobisa mkwatibwi mumaudziwa. Kumudzi kumeneku amatulutsa akazi atatu nthawi imodzi, onse atafunditsidwa zitenje kuyambira kumutu mpaka mu akakolo, ndipo mwamuna amaloza wake. Anyamata ambiri amanong'onezedwa ndi alamu awo, zimangokhala zosangalatsa anthu. Ine a Sitefano atandifunsa ngati apeze munthu wondinong'oneza, ndinakwiya.

"Atsibweni, ine Nambewe ndingamudziwe ngakhale atalowa m'thumba la feteleza."

Mawu amenewa ndinawanenanso kuntchito, kometetsa, ndi panja pa tchalitchi. Koma nditakhala pansi ndekha ndinayamba kuda nkhawa. Akazi a pabanja la Nambewe onse ndi aafupi mofanana, ndipo akafunda chitenje chotsala ndi mapazi okha. Ndiye ine, poti ndine mmisiri, ndinati ntchito iliyonse imafuna kuyeza kaye. Ndinayamba kuphunzira mapazi a mkazi wanga.

Ndinawaphunzira masabata atatu. Akamasinja, ine maso pansi. Akamachokera kumjigo, ine maso pansi. Tsiku lina anatula ndowa n'kundifunsa kuti, "Abambo ake a Mphatso, kodi mwataya chiyani?" Ndinati msomali. Koma khama langa linapindula: ndinapeza kuti kachala kakang'ono ka phazi lake lamanzere ndi kokhota, kamakwera pamwamba pa chinzake. Zaka zonsezi ndinali ndisanakaonepo.

Sindinalekere pomwepo. Ndinayenera kutsimikiza kuti kachala koteroko kalibe mnzake m'mudzimo. Ndinayendera mapazi a achemwali ake onse awiri, a asuweni ake, ngakhale a amayi a kwaya. Lamulungu lina ndinakhala mphepete mwa njira m'tchalitchi, mutu uli chowerama, ndikuwerenga zala za amayi amene ankapita kukalandira. (Mkulu wina wa mpingo anandiyamikira potuluka, akuti masiku ano ndikupemphera mozama.) Sindinapeze kachala kena kokhota. Ndinagona mtima uli m'malo.

Loweruka la chinkhoswe linafika, anthu atatha kukolola. Pabwalo pa a Lufeyo panadzaza. Abale anga anabwera pa lole kuchokera ku Nambuma, ndipo a m'mudzimo anabwera onse, ena kudzasangalala, ena kudzaona mkwati wa imvi. Ana anga anakhala kutsogolo. Ankhoswe atatha kulonjerana, amayi anayambitsa nyimbo, n'kutuluka m'nyumba akutsogolera zitenje zitatu zoyenda pang'onopang'ono.

Ine sindinataye nthawi ndi kumtunda, ndinangolunjika pansi. Woyamba zikhadabo zake zinali zopaka utoto wofiira, ameneyo ndi mwana wasukulu. Wachiwiri, phazi lamanzere, kachala kaja kali pompo, kokhota, katakwera pa chinzake. Wachitatu sindinamuyang'ane n'komwe, ngakhale ndinamva kuti watsokomola kawiri.

"Yang'anitsitsa kaye, iwe," anandinong'oneza a Sitefano.

Ndikanangoloza mwakachetechete bwenzi zili bwinoko. Koma ine ndinali nditadikira tsikuli miyezi yambiri, ndipo ndinkafuna a Lufeyo amve ndi makutu awo. Ndinaimirira, ndinakonza jekete, n'kukweza mawu.

"Anthu inu musavutike. Wanga ndi uyu. Ndakhala naye nyumba imodzi zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu, ndabereka naye ana anayi, ndipo palibe pamene sindimudziwa."

Ndinamugwira dzanja, n'kuvundukula chitenje ndekha.

Anali apongozi.

Kunena zoona, aka kanali koyamba kuwaona nkhope pafupi chonchi. Anali phee, duku lili bwinobwino, akundiyang'ana m'maso. Bwalo lonse linati zii, kenako mayi wina kumbuyo analephera kudzigwira, ndipo phwete lake linayatsa onse. Amayi ankagubuduka pamphasa. Mphatso anabisa nkhope m'malaya. A Sitefano anavula chipewa n'kumayang'ana m'kati mwake. Ine ndinazindikira mochedwa kuti dzanja lija ndikadaligwirabe. Miyendo inandiuza kuti tithawire m'munda, koma chimanga chinali chitakololedwa, munalibe pobisala.

Amene sanaseke ndi a Lufeyo. Anadikira phokoso lizizire, n'kutembenukira kwa a Sitefano.

"Ankhoswe anzanga, pamenepa pavuta. Munthu wosadziwa mkazi wake, ife timpatse bwanji mwana wathu? Ndiponso wagwira mlongo wanga dzanja pagulu, n'kunena zimene wanenazo. Tengani tambala wanu, tidzakambirana chaka china."

Apa kuseka kunatha. Ndinadziwa kuti ndikachoka pabwalo limeneli sindidzalimbanso mtima kubwerera, ndipo tsiku lina ndidzaimanso pakhonde la chipatala ngati mlendo. Ndinagwada pafumbi pomwepo ndi thalauza langa latsopano.

"Atsibweni, ndalakwa, ndipo manyazi andikwana. Ndilipitseni chimene mungandilipitse. Koma pano sindichoka. Ndinabwera kudzakwatira Nambewe, ndipo ndikhala chogwada mpaka mundipatse."

Amene anayankha ndi apongozi. Anapinda chitenje chawo mosafulumira, nayankhula ndi a Lufeyo ngati ine palibe.

"Achimwene, musiyeni mwanayu. M'chitenjemu ndinalowa dala, palibe anandituma. Ndamudikira zaka zonsezi, ndimafuna ndimuoneko pafupi. Chala chimene chamusocheretsachi Nambewe anatengera kwa ine, ndipo m'mudzi muno ngakhale ana amachidziwa. Yekhayu ndiye samachidziwa, chifukwa chibwerereni sanandiyang'anepo ngakhale kuphazi. Munthu wondilowera m'tchire chonchi, inu mumati ndi ndani ngati si mkamwini?"

A Lufeyo anakanda chibwano nthawi yaitali. Kenako anati, "Mbuzi imodzi, ya dzanja lija."

Nthungululu zinalira. Anavundukula wachitatu uja, Nambewe wanga, ndipo ankhoswe anapatsana tambala ndi msoti n'kulandirana mawu pamaso pa anthu. A Lufeyo anandigwira chanza nanditchula kuti mkamwini. Sindibisa, misozi inalengeza. Pano ndili ndi ankhoswe mbali zonse ziwiri, ndipo mayi wa malamulo uja anatilozera kokalembetsa ukwati wathu, tinalembetsa.

Koma nkhani sinathere pabwalo. M'mawa mwake alendo atapita, ndinaona kuti Nambewe sakuyankhula. Ankasesa pamalo amodzimodzi. Ndinayesa kuseka za dzulo, iye osaseka.

"Ndinatsokomola kawiri," anatero.

"Ndinamva, amake Mphatso, koma ndimayesa ndi fumbi."

"M'chitenje muja ndimanjenjemera ngati kamtsikana. Chibadwireni palibe anandisankhapo pagulu. Ndinalowa m'nyumba mwanu ndi mimba, anthu akundinena. Ndimati lero lokha mundiloze anthu akuona. Mukanangodzutsa mutu, bwenzi mutadziwa kaimidwe kanga."

Kuseka kwa midzi iwiri sikunandipweteke ngati mawu amenewa. Ine nthawi yonseyi ndinkaganiza za nyumba yanga, mitengo yanga ndi dzina langa, osadziwa kuti mnzanganso pali chimene ankadikira. Ndinapepesa, ndipo ndinamulonjeza pomwepo kuti tikadalitsa ukwati kutchalitchi, kuti ndikamutchule dzina pamaso pa mpingo wonse popanda kuphonya. Anavomera, ulendo uno osaganizira masiku anayi.

Maphunziro a ukwati tayamba kale kuparishi. Chovuta n'chakuti Nambewe wanenetsa kuti adzavala velo. Aliyense akunditsimikizira kuti velo ndi yoonekera ndiponso kuti kutchalitchi satulutsa akazi atatu, koma ine nsalu sindiikhulupiriranso. Ndiye ndayamba kuphunzira manja ake, poti ndi amene adzaonekere povekana mphete. Dzulo anandigwira ndikumuyang'anitsitsa akupeta mtedza.

"Mwayambanso eti?"

Ndinakana. Koma ndapeza kale kachipsera pa chala chake chachikulu, ndipo achemwali ake onse awiri alibe. Otsala ndi apongozi okha. Dzanja lawo ndinaligwirapo kamodzi, koma mmene zinthu zinalili tsiku lija, sindinapeze mpata woliyang'ana.