Laibulale ya Mbuzi

Makatoni asanu ndi atatu a mabuku, odzaza mpaka kukamwa, pa mtengo wa mbuzi imodzi. Inu mukanakana? Musaname. Ine sindinakane, ndipo tsiku limenelo ndinachoka pa boda ndikudandaula kuti Mulungu anandipatsa nzeru zochuluka chonchi koma ondiyamikira ndi ochepa.

Mundimvetse kaye. Ine sukulu ndinalekezera Sitandade 8, zina zonse ndinaphunzira m'manyuzipepala okulungira nsomba ndi pamsika, ndipo kunenerera mtengo ndiye digiri yanga. Matipate atabwera, sukulu zapulayiveti zikumera paliponse, ndinasiya kugulitsa zitenje n'kusandutsa nyumba yanga yosungiramo katundu, kuseri kwa Mwanza Boma, kukhala sekondale. Aphunzitsi ndinalemba enieni, ine ndinali mwini chabe. Ana ambiri anali atsikana aja anasiyira sukulu panjira, wina chifukwa cha mimba, wina chifukwa cha ganyu, ochokera kwa Nthache ndi m'midzi ya m'malire, amene anabwera kudzayesanso.

Vuto linali lakuti masiku amenewo kunachuluka sukulu zotsegula Januwale n'kutseka Epulo, mwini wake osaonekanso. Ndiye makolo anayamba kundifunsa funso limodzi lokhalokha: "Kodi sukulu yanuyi ili m'bungwe?" Amanena bungwe la eni sukulu zapulayiveti. Ena anandiuza maso ndi maso kuti teremu ikatha ndisanalowe m'bungwemo adzatenga ana awo, ndipo ine ndinkadziwa kuti atsikana ambiriwo akachoka kwa ine sakupita kusukulu ina, akupita kumunda kapena kubanja.

Ndinalemba kalata, yankho linabwera. Adzafika Lachisanu a Mbewe, wapampando wa bungwelo m'chigawo chathu, pamodzi ndi Mayi Chikaonda ochokera kubungwe la aphunzitsi aakulu a sukulu za atsikana, poti ana anga ambiri anali atsikana. Adzaona zimbudzi, madesiki ndi laibulale. Zimbudzi zinalipo, madesiki analipo. Laibulale nayonso inalipo, ngati laibulale ndi mashelefu, chifukwa pa mashelefu anayi aatali panali Baibulo, dikishonale yothothoka chikuto, ndi mabuku asanu ndi limodzi amene aphunzitsi ankalimbirana.

Lachitatu ndili pa boda ndinakumana ndi Zeka, dalaivala wa thiraki wa ku Tete amene ndinkamudziwa kuyambira nthawi ya zitenje. Nditamudandaulira anandikokera kuseri kwa thiraki yake n'kundionetsa makatoni.

"Mabuku awa, akulu. Bungwe lina lothandiza anthu linatseka ofesi, anangondisiyira. Mbuzi ziwiri, ndikudziwa muli nazo."

Ndinali nazo zitatu. Ndinatsegula katoni imodzi, pamwamba pali mabuku a Chingerezi okongola, onunkhira bwino, mtima unagunda koma nkhope ndinaikwinya monga mwa ntchito.

"Achikale awa. Mbuzi imodzi, ndipo ndikukuthandiza kupepula thiraki."

"Chabwino, tengani."

Anzanga, munthu wa pa boda akavomera mtengo wako koyamba komwe, osalumbira, osatchula ana ake odwala, pamenepo m'pothawira. Ine zimenezi ndimaphunzitsa anthu ena. Koma tsiku limenelo ndinaganiza kuti Zeka wagonja ndi luso langa, moti ndinamusankhira tonde wonenepa, n'kumuthandiza kumangirira.

Lachinayi m'mawa makatoni ali pakati pa laibulale, mayi a kunyumba, Nangondo, abwera kudzandithandiza kuyala. Iwo sasankha za pamwamba ayi, anangogwira katoni n'kuikhuthula pansi ngati chimanga. Mabuku a Chingerezi aja anali asanu. Pansi pake panatuluka buku lobiriwira, lina lobiriwira, linanso lobiriwira, onse ofanana, Chipwitikizi chokhachokha, ndipo pachikuto chilichonse pali mbuzi ikundiyang'ana. Makatoni ena asanu ndi awiriwo analibe ngakhale za pamwamba zonamizira. Buku limodzi lomwelo, lophunzitsa alimi a ku Mozambiki kuweta mbuzi.

Nangondo anakhala pansi, anatenga limodzi, analiyang'ana nthawi yaitali.

"Bambo a Tamanda, ndiye kuti mwapereka mbuzi yamoyo kuti akupatseni zithunzi zake?"

"Usafulumire. Buku ndi buku."

"Mukangowauza alendowo kuti mabuku mulibe, angakumenyeni?"

Limenelo linali langizo laulere, ndipo ine zaulere ndimazikayikira. M'malo mwake ndinakatenga matumba a simenti otsala pomanga zimbudzi, tinawang'amba, tinakutira mabuku aja limodzi limodzi mpaka dzuwa kupendeka, monga momwe ana asukulu amakutira makope awo. Mbuzi zonse zitabisika ndinatenga cholembera chachikulu n'kuyamba kugawa maphunziro pamsana pa mabuku. Shelefu yoyamba Biology, yachiwiri History, yachitatu Mathematics, yachinayi Geography. Nditaima pakhomo n'kuyang'ana, ndikukuuzani zoona, laibulale ngati imeneyo ku Mwanza kunalibe. Alendo oyendera sukulu amawerenga mabuku? Amangoyang'ana kuchuluka kwake n'kufunsa kumene kuli chakudya. Poti ndinkadziwa zimenezo, Lachisanu m'mamawa ndinapha mbuzi yachiwiri kuti fungo lake liwathamangitse m'laibulalemo.

Anafika cha m'ma teni. A Mbewe anali bambo wa suti ya mabatani asanu ndi limodzi, wolankhula Chichewa ngati akuchibwereka. Mayi Chikaonda anali wamfupi, wovala chilundu ndi magalasi a chingwe, wosalankhulalankhula. Zimbudzi anazilowa okha mayiwo, makope a atsikana anawavundukula tsamba ndi tsamba, ine ndikungoyang'ana kumene kukuchokera utsi wa nyama. Zonse zikanatha bwino ndikanatseka pakamwa. Koma titafika pakhomo pa laibulale, atsikana a Fomu 2 atadzaza m'mawindo kuonerera alendo, chinachake chinandikwera.

"Mabuku awa ndinachita kusankha ndekha," ndinatero. "Ambiriwa ndawawerenga."

Ndani anandifunsa? Palibe.

A Mbewe anasolola Biology, anatsegula tsamba loyamba, anakwinya mphumi, anayendetsa chala pamzere. Kenaka nkhope yawo inawala.

"Aa, Chifalansa. Simunatiuze bwanji kuti mumaphunzitsa Chifalansa? Ine ndinachitako pang'ono ku sekondale."

Apa panali pakhomo pothawira pachiwiri, ndipo ndinapadutsa.

"Eya, bwana, Chifalansa. Timafuna ana athu azikafika patali."

"Ndi Biology yomwe m'Chifalansa?"

"Sayansi imamveka bwino choncho."

A Mbewe anagwedeza mutu ngati munthu amene wakhala akunena zimenezo kwa zaka zambiri osamvedwa, n'kuwerenga mzere umodzi mokweza, akutulutsira mawu m'mphuno. M'mawindo muja munamveka kaphokoso ngati ka ketulo yoyamba kuwira. Ndinali nditaiwala, ine mwini sukulu, kuti theka la atsikana amenewo kwawo amalankhula Chipwitikizi ndi agogo awo.

Mayi Chikaonda anayandikira mashelefu. Anakweza magalasi, anasolola History, anatsegula pakati, n'kuyamba kuwerenga. Osati kugwagwaja kwa a Mbewe kuja ayi, Chipwitikizi choyenda ngati cha pa wailesi ya ku Tete. Atamaliza ndime anandiyang'ana pamwamba pa magalasi.

"Mayi anga anali a ku Zobue, ndipo nthawi ya nkhondo ndinaphunzitsako ana othawa kwawo. Mbiri iyi ndi yabwino, bambo. Ikuti mbuzi ikamaonda koma ikudya, muziyang'ana njoka za m'mimba."

Anabweza History, anatenga Mathematics, tsamba lomwelo.

"Masamu nawonso akuti njoka za m'mimba."

Anatambasulira dzanja ku Geography.

"Musavutike, amayi," ndinatero. "Nakonso n'chimodzimodzi."

Mawindo anaphulika. Atsikana ena anakhala pansi m'fumbi, ena anagwirana m'mapewa, aphunzitsi anga anatembenukira kukhoma mapewa akugwedezeka. A Mbewe anabweza Biology pashelefu mwakachetechete n'kunena kuti zilankhulo ziwirizo n'zapachibale kwambiri, kenaka anafunsa kumene kuli madzi osamba m'manja. Ine ndinaima pakati pa laibulale yanga ndikuona sukulu ikutsekedwa, ndipo chimene chinandiwawa kwenikweni n'chakuti amene ankasekawo ndi omwe ndinali nditangowatayitsa sukulu.

Chakudya chitatha, Mayi Chikaonda anandiitanira pansi pa mtengo wa manachesi kuseri kwa kalasi. Ndinapita ngati mwana wa Fomu 1.

"Makope a ana anu ndawaona, amachongedwa tsiku ndi tsiku," anatero. "Zimbudzi za atsikana zili ndi zitseko zotsekeka, zimene sukulu zina zazikulu zilibe. Mukanangoti mabuku ndilibe, ndikanalemba kuti mabuku alibe, tiwathandize. Tsopano ndilembe chiyani?"

"Lembani kuti mwini wake ndi chitsiru koma ana alibe mlandu."

"Zimenezo ndalemba kale."

Kenaka anandiuza kuti sukulu za m'bungwe lawo zili ndi mabuku akale amene zinasiya kugwiritsa ntchito, a silabasi yomweyi, ongothothoka zikuto. Akhoza kusonkhanitsa makatoni anayi. Mabukuwo akafika pashelefu, iwo ndi a Mbewe adzasayina kuti ndilowe m'bungwe teremu isanathe. A Mbewe, anatero mayiwo, sangavute, chifukwa nawonso ali ndi nkhani ya Chifalansa imene sakufuna ikafike ku Blantyre.

"Koma zaulere ayi," anapitiriza. "Mwaonetsa kuti chinthu mumachilemekeza mukachigula. Atsikana anga a Fomu 4 ali ndi phwando lotsazikana mwezi wamawa. Ndaona mbuzi m'khola umo."

Magazi a pamsika anadzuka okha.

"Amayi, imeneyo ndi yotsala yokha. Bwanji madengu awiri a manachesi?"

"Manachesiwo ndi banyira."

"Nanga makatoni akhale asanu."

"Atatu."

"Munati anayi."

"Ndinati anayi musanayambe kunenerera. Tipitirize?"

Zaka zonse zimene ndakhala pa boda, pakati pa osintha ndalama ndi madalaivala, sindinakumanepo ndi munthu wonenerera chobwerera m'mbuyo. Ndinagwira dzanja lawo msangamsanga tisanafike pa awiri. Atakwera galimoto anatsitsa galasi n'kundiuza kuti mabuku obiriwirawo ndisawatenthe, ndiwagawire makolo a m'malire amene angawawerenge, koma ndiyambe ndachotsa mapepala a simentiwo, anthu angamapatse mbuzi zawo History.

Makatoni anabwera anayi ndithu, lachinayilo analembapo kuti ndi la atsikana, osati langa. Ndinawakhuthula onse pansi pamaso pa dalaivala wa minibasi, mpaka buku lomaliza, iye akudandaula kuti ndikumuchedwetsa. M'bungwe ndinalowa, makolo anasiya kufunsa, ndipo mwa atsikana amene anakhala pansi m'fumbi tsiku lija, awiri lero ndi anamwino, akandipeza pamzere kuchipatala amandifunsa ngati Chifalansa chikuyenda. Zeka sindinamuonenso, ndimangomva kuti amadutsira njira ya ku Dedza.

Kuyambira pamenepo katoni yotseka sindigula, ngakhale mutandiuza kuti muli Mabaibulo, ndipo Nangondo akandipatsa langizo ndimayamba ndafunsa mtengo wake kuti ndilikhulupirire. Mukafuna kudziwa amene analipira laibulale yotchipa ija, ndi ine: tonde kwa Zeka, mbuzi yachiwiri m'mimba mwa a Mbewe, yachitatu ku phwando la Fomu 4, ndi madengu awiri a manachesi pamwamba. Makolo anatengako mabuku ochepa, ena onse akadali kwathu. Pa Mwanza yense palibe munthu amene ali ndi mabuku ambiri a kawetedwe ka mbuzi kuposa ine, ndipo m'khola mwanga mukugona nkhuku.