Mmene Nachisale Anakwatiwira Pasiteji

Lolemba
Nkhungu yaphimba minda ya mbatatesi mpaka ku mishoni. Ana akulemba masamu, ine mphunzitsi wawo ndikulota. Sewero langa latha kulemba! Tichita Lamulungu Misa ikatha. Mtsikana wa m'seweroli, Nachisale, akukana mwamuna amene amalume ake amusankhira, akuvala buluku, akukwera njinga, ulendo wa ku Lilongwe kukaphunzira kuyendetsa lole. Ndikumuona kale akutsetsereka phiri, duku likuuluka.

Lachiwiri
Zofunika: njinga, buluku, mabulangete awiri otchingira siteji, mwamuna woti akanidwe. Agnesi wa Sitandade 8 wavomera kukhala Nachisale. Mawu ngati belu! Anyamata onse akukana kukanidwa pagulu.

Lachitatu
Ahedi awerenga. "Amadamu, mkazi wa buluku, boma likuletsa? Mukufuna tonse tikagone kupolisi?" Buluku lachoka, chalowa chitenje. Palibe kanthu, njinga ilipo.

Lachinayi
Mayi ake a Agnesi afika ndi khasu paphewa. "Mwana wanga atangadze panjinga anthu akuona? Adzamukwatira ndani?" Njinga yachoka. Nachisale apita wapansi. Ndikumuona akulowa mu Lilongwe mapazi otupa, akumwetulirabe.
Poweruka ndakumana ndi amalume anga. "Bambo uja wa golosale ku Chimbiya akufunsabe za iwe." Ndayang'ana mitambo. Wina ngati lole.

Lachisanu
Atcheyamani a chipani abwera kudzaonera tikuyeserera. Tionetse makadi a chipani kaye. Kenako: "Mtsikanayu akuthawa chiyani kumudzi kuno? Mukutanthauza kuti anthu sakusangalala?" Sindikutanthauza kanthu, bambo! Za Lilongwe zatha. Nachisale angofika pachitsime n'kubwerera. Tawonjezera nyimbo zitatu zotamanda.

Loweruka
Akatekisiti apempha kuti amalume a m'sewero asanyozedwe. Pamene panali "Ayi" talemba "Ndamva." Tsopano anyamata asanu akulimbirana kukhala mkwati!
Zanga zotsala m'seweroli: dzina la Nachisale basi.

Lamulungu
Holo yadzaza. Nachisale wagwada, wakwatiwa, nthungululu mpaka panja. Agnesi ponena "Ndamva" wandiyang'ana, ine ndayang'ana kudenga. Amalume anga aomba m'manja kuposa aliyense. "Waphunzitsa bwino, mwanawe. Bambo uja abwera Lachitatu kudzakuona." Ndawauza kuti Lachitatu ndikuchonga mayeso. Lachinayi? Mayesonso. Akuti palibe chovuta, bamboyo adikira holide.
Ndayang'ana pakalendala. Yatsala milungu itatu.