Anandikana ndisanafunsire

Nkhani iyi ndakhala nayo m'mimba zaka ziwiri. Ikanakhala ya munthu wina bwenzi tikuseka limodzi, koma poti ndi yanga, museke nokha.

Ndinali m'chaka chachinayi cha masitazi ya jogalafe, yomwe anzanga anamaliza m'zaka ziwiri. Mutu wa thesisi yanga unali wakuti jenda, malo ndi ntchito pakati pa amayi a geni ya nsomba kunyanja ya Chilwa. Machaputala atatu ndinawalemba ndili mu laibulale, nsomba osaigwirako ngakhale imodzi. Supavaiza wanga, mayi wosaseka ndi munthu, anandibwezera mapepala ali psuu ndi inki.

"Bambo Phiri, amayi mukuwalembawa munawaonapo? Pitani ku fildi. Mukalephera temu ino, dzina lanu tikulifufuta."

Ndinakwera minibasi ya kudoko la Kachulu. Chaka chimenecho nyanja inali itathawa, mabwato ena atagona m'matope. Mafunso ndinali nditawamasulira ndekha, ndi Chichewa changa cha mwana wokulira m'tauni.

Ndinapeza mayi wachikulire akuwamba milamba. Ndinagwada bwinobwino.

"Mayi, ndabwera kudzafunsa akazi olimbikira ntchito."

Anandiyang'ana kuyambira kunsapato mpaka kumutu. "Kudzafunsa? Mwabwera nokha?"

"Ndekha, mayi. Nthawi yandithera kale."

"Zaka muli nazo zingati?"

"Sate fili."

"Yakutheranidi. Mukufuna wotani?"

"Aliyense amene angavomere, bola akhale ndi malo ake. Akakhala woti banja linatha, ndiye bwino kwambiri."

Ine m'mutu munali chaputala folo, ya mabanja otsogozedwa ndi amayi. Iwo anapukuta manja n'kuitana mwana wawo Esinati, mayi wa ana awiri, amene mwamuna wake anapita ku Mozambiki madzi atayamba kuphwa, osabwereranso.

Ndinatulutsa kope. "Malo anowa ndi a ndani?"

"A mayi angawa," anatero Esinati. "Kuno mwamuna ndi amene amabwera kudzakhala kwa mkazi."

"Zimenezo zandisangalatsa kwambiri. Nanga akabwera amagwira ntchito yanji?"

Anayang'anizana ndi mayi ake. "Mulawire mawa muone."

Masiku atatu ndinaona zakuda. Madzi anali patali, ndiye madengu a matemba tinkakawasenza kumabwato, matope olekeza m'mawondo. Dengu loyamba ndinagwa nalo chafufumimba. Anandipatsa nkhwangwa, nkhuni sizinang'ambike, chinang'ambika ndi chikhatho changa. Anandisiyira moto ndiyang'anire, ine n'kutanganidwa ndi kulemba manotsi, milamba yonse n'kusanduka makala. Anthu odutsa ankandipatsa moni wakuti, "Mwaswera bwanji alamu?" Ine m'kope ndinalemba kuti anthu a m'derali andilandira ngati mmodzi wa iwo.

Tsiku lachinayi ndinatulutsa fomu ya chilolezo yomwe munthu amasaina tisanayambe intaviyu. Mayi aja anaibweza ndi manja awiri.

"Zosaina sizichitika popanda amalume ake. Tawatumizira kale uthenga kuchilumba cha Chisi."

Amalumewo anafika masana atavala jekete, thalauza atapinda chifukwa cha matope. Anayala mphasa pansi pa mtengo, anthu n'kudzadza. Ine ndinaona ngati mwayi wandigwera, fokasi gulupu, gulu lofunsidwa mafunso pamodzi, yobwera yokha. Ndinatsegula foni kuti izijambula mawu, n'kuiika m'thumba la malaya.

Amalume anavala magalasi n'kuwerenga fomu ija mokweza.

"Ndavomera mwa kufuna kwanga. Sindidzalandira kalikonse. Dzina langa lidzabisidwa. Ndingathe kusiya nthawi ina iliyonse popanda kupereka chifukwa." Anatsitsa pepala. "Achimwene, akuluakulu anu ali kuti?"

"Ali ku Zomba. Ndi amene andituma."

"Akudziwa za Esinati?"

"Sanadziwebe, koma akondwa. Kungoti mmodzi sakwanira. Anandiuza kuti ndisabwerere ndisanapeze makumi atatu."

Mayi wina kumbuyo anagwira pakamwa.

"Makumi atatu," anatero amalume pang'onopang'ono. "Ine ndaimirapo maukwati ambiri, a kutchalitchi ndi a kumzikiti omwe. Koma ukwati wobisa dzina, wa akazi makumi atatu, ndi wa mpingo uti?"

Mawu akuti ukwati atandilowa m'khutu, ndinazindikira kuti amandiyesa wodzafunsira. Ndinatsegula pakamwa kuti ndifotokoze, koma Esinati anali ataimirira kale.

"Amalume, musavutike. Ndawakana."

Sanathere pomwepo. Anayamba kulongosola chifukwa chake. Anati iye amadzuka kusanache kukalimbirana nsomba ndi amuna ogula zambiri, amene asodzi amayamba kuwagulitsa iwowo. Anati nyanja ikaphwa amuna amasamuka kutsata madzi, koma mkazi sasamuka, chifukwa munda, ana ndi manda zili pompano. Anati utsi wamuthera maso, msana unapita kalekale, ndipo akapita kumsika wa Songani n'kubwerako mochedwa anthu amamunena kuti ndi woyendayenda.

"Ndiye pamwamba pa zonsezi ndionjezere bambo awa? Dengu kugwetsa, nkhuni kulephera, moto kuotcha nsomba. Chomwe amatha n'kufunsa mafunso. Ana ndili nawo awiri, wachitatu sindikumufuna."

Anthu anaombera m'manja. Amalume anandigwira paphewa n'kunena kuti ndilimbe mtima, zimachitika.

Nditapeza mpata wofotokoza kuti ndine mwana wa sukulu, Esinati anaseka mpaka kutsokomola. Nditamuuzanso za foni ija, analanda cholembera n'kusaina fomu.

"Lembani zonse, ena angabwerenso."

Amayi ena onse anakana kucheza nane. Mbiri inali itafika kale padoko ponse. Ndinabwerera ku Zomba ndi intaviyu imodzi, matuza m'manja, nsapato imodzi itatsala m'matope.

Chaputala folo ndinailemba misozi ili m'maso. Patatha sabata supavaiza anandiitana. Masamba onse anali atawakhwatcha, kupatula awiri a mawu a Esinati.

"Bambo Phiri, pa zaka zinayi, apa pokha ndi pamene mwalemba jogalafe. Ndakuonjezerani temu imodzi, yomaliza. Koma pali mpata umodzi wofunika kutseka." Analoza ndi cholembera. "Mwamuna wachabechabe amene mayiyu akumunenayu, simunamve mbali yake. Bwererani ku Kachulu mukamufufuze."

Ukamalemba za anthu usanawaone, iwo amakuwerenga tsiku lomwe wafika.