Tsiku limene ndinaitanira mphezi pabalaza

Pali zinthu zina munthu umapanga ndi manja ako, kenaka n'kumapemphera kuti zisakuphe. Ine changa ndinachipanga ndi sizasi.

Ndinaona pa foni mayi wina akudula galasi la pulasitiki, lija lopindika ngati katoni, la guluu kumbuyo. Ankalidula timakona n'kumata pakhoma, nyumba n'kuwala ngati hotela. Mtima wanga unali dyokodyoko. Apongozi anga ankabwera kuchokera ku Nsanje kudzaona koyamba nyumba yathu ya lendi ku Zingwangwa, ndipo ndinkafuna akanene kumudzi kuti mwana wawo anapeza mkazi wotsogola.

Ndinakaligula ku Limbe. Kudula kwake n'kokoma, sizasi imangoyenda ngati ukudula chitenje. Ndinamata tizidutswa mooneka ngati duwa lalikulu pakhoma la pabalaza. Tizidutswa totsala ndinakanika kutaya (ine ngakhale botolo la mafuta ophikira sinditaya), ndiye ndinatimata pachitseko, pakabati, pamwamba pa windo, mpaka pakhomo la kukhitchini. Amuna anga atabwera anangoti, "Kulikonse ndikayang'ana ndikudziona ndekha." Ndinkaganiza kuti akuyamikira.

Chimene ndinaiwala n'chakuti inali nyengo ya dzinja.

Apongozi anafika masana, amuna anga ali kuntchito. Anakhala pa sofa, maso akuyenda m'makoma. Nditagwada kuti ndiwapatse madzi, bingu linagunda kumbali ya phiri la Soche.

"Amake Tadala, phimbani galasi," anatero.

"Liti, amayi?"

Anayang'ana duwa lija, chitseko, kabati. "Onsewa ndi magalasi?"

Mwambowu inenso ndinakula nawo: mvula ikabwera ndi ziphaliwali, galasi umaliphimba, apo ayi limakoka mphezi. Mayi anga ankafunditsa ngakhale kagalasi ka m'chikwama. Ndinayamba kufotokoza kuti awa ndi mapulasitiki chabe, koma pomwepo kunang'anima, kuwalako n'kulowa m'kachidutswa kalikonse, nyumba yonse ngwee. Ndisaname, ndinachita mantha enieni.

Ndinathamangira zitenje. Galasi lenileni umangoponyapo nsalu, koma anga anali omatika pakhoma, popanda ndi msomali womwe wokolekapo. Ndikaphimba, chitenje chinkatsetserekera pansi. Ndinachotsa makatani n'kufunditsa chitseko ndi kabati, windo n'kutsala poyera, ziphaliwali n'kumalowa mwaufulu. Ndinayesa kumatula kachidutswa kamodzi ndi mpeni, kanatuluka ndi penti ndi pulasitala ya alandilodi. Ndinasiya.

Nditacheuka, apongozi anali atalowa kunsi kwa tebulo, kolona ili m'manja. Pemphero likafika pakati bingu linkagunda, iwo n'kuyambiranso.

"Mdzukulu wanga amagona m'nyumba muno?" anafunsa.

"Eya amayi, koma pano ali kusukulu."

"Mulungu ndi wachifundo."

Nsalu zinatha, duwa lalikulu lija likadali poyera. Ndinamasula chitenje chomwe ndinavala, n'kuchigwirizira kukhoma ndi manja onse awiri. Ndinatsala ndi bulauzi ndi pitikoti, pamaso pa apongozi omwe ndinali nditangowagwadira kumene. Maso ndinatseka. Kenaka nzeru zinabwera (zanga zimabwera mochedwa nthawi zonse): mphezi ikati itsate galasili, woyamba kukumana naye ndani? Ndinafuna kusiya, koma kusiya kunali kuvundukula galasi. Ndinangoima pompo, ndikuganiza za Tadala wanga akuleredwa ndi mayi womupeza.

Amuna anga anatipeza choncho, atanyowa chapachapa.

"Kodi kwagwanji muno?"

"Choka pachitsekopo, palinso magalasi," anayankha apongozi ali kunsi kwa tebulo. "Gwira kona inayo, mkazi wako watopa."

Anagwira osafunsanso. Tinaima awiri ngati tikuyanika zovala mpaka mvula inakata.

Apongozi anabwera kuti akhale sabata, koma m'mawa mwake anamanga katundu. Pa siteji ya minibasi anauza mwana wawo, ine ndikumva: "Mkaziyu ndi wolimba mtima, anaima pakati pa ine ndi mphezi. Koma anaiitananso ndi iyeyo. Ndidzabwera m'chilimwe."

Anthu ophunzira andiuza kuti galasi silikoka mphezi, la pulasitiki ndiye n'kosatheka. Ndimawakhulupirira ndi mtima wonse kukakhala dzuwa. Duwa langa likadali pakhoma, koma pamwamba pake ndinakhoma misomali.