A Ndatulukira ndi Chiphunzitso cha Zidendene

Aliyense amene anakonzetsapo nsapato mumsewu mwathu akudziwa kuti malemu a Ndatulukira sankayang'ana munthu kumaso. Ankayamba ndi chidendene cha nsapato yako, kenako n'kukuuza khalidwe lako. Chikatha cha kunja, ndiwe wabodza. Chikatha cha mkati, umaopa mkazi wako. Chikatha mofanana, nsapatoyo ndi yobwereka. Zimenezi ankazitcha Chiphunzitso cha Zidendene, ndipo chimene ankalakalaka asanamwalire chinali chimodzi: kuti chiphunzitsocho chikhazikike mu insaikulopediya ya pa intaneti ija, imene aliyense amaloledwa kulembamo ndi kukonza zolemba za anzake.

Mayi wa fotokope, amene shopu yake inagundana ndi khumbi lawo, ndiye ankawatayipira. Nkhani ikalowa m'mawa, pofika masana yafufutidwa, n'kutsala kauthenga kakuti awa ndi maganizo a munthu payekha, osasindikizidwa kwina kulikonse. Mkuluyo sankakhazikika. Ankasiya msoko pakati, singano ili lende, kukasuzumira pa kompyuta. Popeza ine ndinapita ku yunivesite, ndipo sindibisa, ankandiitana kuti ndiyankhe mlandu wa anthu amene sindinawaonepo.

"Iwe Digiri, abale ako andifufutanso. Ndanama pati?"

"Sakunena kuti mwanama, madala. Buku limenelo silitulukira zinthu. Limangosonkhanitsa zimene zinafalitsidwa kale m'mabuku ndi m'nyuzipepala zodalirika, kuti wowerenga akathe kufufuza yekha. Akalola inu, mawa wometa uyu alemba kuti dazi ndi chizindikiro cha nzeru."

"Nanga si zoona?" anafuula wometa, akusisita dazi lake.

A Ndatulukira anandiloza ndi nyundo. "Ndiye woyamba kuona chinthu akachinene kuti?"

"Kwa akatswiri, akachiyese."

"Katswiri wa zidendene ndine. Ndachiyesa. Chakhoza."

Atamvetsa kuti chofunika ndi umboni, anachita zimene munthu amachita pa mlandu: anasonkhanitsa mboni. Wometa, telala ndi dalaivala wa basi anaimikidwa pamzere, nsapato zili m'manja, mayi wa fotokope n'kuwajambula. Telala anavomera pamaso pa onse kuti amaopadi mkazi wake. Chithunzicho chinafufutidwa limodzi ndi nkhani, koma mkazi wa telala anali atachiona kale, ndipo mpaka lero amachitchula akafuna kutseka mkangano.

Kenako anasindikiza kabuku pa makina a mayi uja, n'kukasoka ndi ulusi wa nsapato, n'kukatchula monga gwero la nkhaniyo. "Si aka kasindikizidwa?" Ndinawafotokozera kuti munthu sangakhale wodandaula, mboni ndi woweruza pa mlandu umodzi. Tinakangana mpaka guluu anaumira pa nsapato ya kasitomala, amene pomalizira analowerera n'kukhala mbali yanga. A Ndatulukira anatembenuza nsapato yake, n'kunena kuti sakudabwa.

A Ndatulukira atadwala n'kugonekedwa m'chipatala, mayi wa fotokope anailowetsanso nkhaniyo kuti awasangalatse. Ulendo uno palibe anaikhudza. Masiku anapita, ili pomwepo. Ndinathamangira ku wodi ndi foni m'manja.

"Ilipobe, madala. Mwapambana, ngakhale mosayenera."

Anatembenukira kukhoma. "Ndiye kuti palibe akuwerenga."

"Si zimenezi mumafuna?"

"Wofufuta uja amayamba wawerenga mpaka pansi, n'kundiyankha. Ondisiya awa ndi ndani? Pita ukawadzutse."

Choncho, atandilamula eni ake, ndinakhala pa benchi la m'khonde n'kuineneza nkhaniyo kwa akonzi, ndi mfundo zonse zimene ndinkatsutsa nazo a Ndatulukira m'khumbi muja. Ndinalemba bwino kwambiri. Nkhani inafufutidwa, ndipo mkonzi wina anawonjezera mawu akuti ganizoli ndi lochititsa chidwi, koma liyambe lasindikizidwa ndi anthu ena odalirika. Ndinawawerengera.

"Wati lochititsa chidwi? Bwereza pamenepo."

Ndinabwereza.

"Ayamba kufewa," anatero, maso ali chitsinzinire. "Uza mayi uja akonzeke."

Anamwalira nkhaniyo isanatayipidwenso.

Ndikunenabe, ndipo wofuna kutsutsa abwere, kuti ofufutawo sanalakwe. Vuto ndi lakuti palibe akubwera. M'khumbi muja tsopano muli bambo wina wokonza mafoni, munthu wofatsa, amene chilichonse chimene ndinganene amangoti, "Zoonadi, achimwene." Tsiku lina ndinamuuza dala bodza la mkunkhuniza, iye n'kuvomera. Mayi wa fotokope amatseka msanga. Ine ndimangozungulira mumsewu, kuchoka kwa wometa kupita kwa telala n'kubwereranso, mfundo zitadzaza m'kamwa, wondiuza kuti ndanama osamupeza.